Mwala wosunga masiku

Lachinayi, mwezi wa Julayi, kunja kuli chiperoni.

Ndadzuka thupi lonse lili lolema, ngati ndinagona nditasenza mtolo wa nkhuni. Ndisanatsegule maso ndinamva bambo akunola mpeni wawo wodulira tiyi kuseri kwa nyumba, monga amachitira m'mawa uliwonse nyengo ino. Kwa kanthawi ndinaganiza kuti za dzulo ndinangolota. Kenako ndinapapasa pamphasa pamene amagona mng'ono wanga, n'kupeza pali pozizira. Anagona kwa mayi aang'ono. Pamenepo ndinadziwa kuti sikunali kulota.

Kusukulu sindinapite. Yunifolomu ndinavala, nsapato ndinapukuta, koma ndinangokhala pakhonde mpaka anzanga onse atadutsa. Tsopano ndi madzulo, dzuwa silinaoneke tsiku lonse, ndipo ndikufuna ndilembe nkhani yonse kuyambira pachiyambi. M'mutu mwanga yasokonekera, pamene mawa ndiyenera kuilankhula molongosoka.

Mwalawo anautola ndi bambo, chaka chimene ndinayamba Fomu 1. Ku esiteti ankazula zitsa za tiyi wakale kuti abzale watsopano, ndipo pansi pa chitsa china khasu lawo linagunda chinthu cholimba. Anabwera nacho kunyumba m'thumba la ovolosi, chili dothi lokhalokha. Anachitsuka m'beseni. Unali mwala, koma woonekera kuseri ngati madzi amene aiwala kuyenda. Kutalika kwake ngati chala changa chapakati, wosongoka kumutu, mbali zake zosalala ngati wina anazipala mwadala. M'kati mwake munali timizere toyera tambirimbiri.

"Katayeni uko," anatero mayi. "Anthu akauona adzati mwayamba kukhwima."

"Kukhwima kwake kuti, nsapato zanga zili kukamwa yasa chonchi?" anayankha bambo, akugwedeza phazi.

Mayi anaseka, ndipo mwalawo sunatayidwe.

Ndinapita nawo kusukulu kukaonetsa aphunzitsi a fizikisi. Anautembenuza kangapo n'kundiuza kuti ndisavutike, si wamtengo wapatali. Koma anawonjezera mawu amene ndinabwerera nawo kunyumba. Anati m'kati mwa wotchi yapamkono muli kachidutswa kakang'ono ka mwala wa mtundu womwewu, kamene kamanjenjemera osapuma, ndipo kunjenjemera kwakeko ndi kumene kumawerenga nthawi. Njira yonse ndinkangodzifunsa: ngati kachidutswa kosaoneka bwino ndi maso kamawerenga nthawi, nanga mwala wathunthu ungachite nayo chiyani nthawiyo?

Munthu amene sanakwawepo pansi pa tiyi sangadziwe kuti kuli dziko lina. Ukamuonera pamwamba, tiyi ali see ngati tebulo lobiriwira mpaka kumapeto kwa maso. Koma ukagwada n'kulowa m'kati mwa mizere, nthambi zimakumana pamutu pako ngati denga. Kuli kamdima, pansi pali masamba ouma ofunda, ndipo dzuwa limangodontha apa ndi apo. Mudzi wathu wachita malire ndi esiteti. Ukangodutsa munda wathu wa nandolo ndi mzere wa mitengo ya bulugama, tiyi wayamba. Nyengo ya mvula mayi ankathyola tiyi m'munda womwewo, ndipo Loweruka, ine popeza sindinkapita kusukulu, ndinkatsala ndi mng'ono wanga m'mphepete mwake. Alonda amathamangitsa ana, choncho tinkabisala pansi. Kumeneko mayi tinkangowaona miyendo yokha, yokulungidwa ndi chiguduli chifukwa cha mame, ikudutsa pafupi nafe, ndipo pamwamba pankamveka zala zawo zikuthyola masamba ngati mvula yoyamba kumene.

M'menemo ndi m'mene tinamanga mzinda. Nyumba zinali zigoba za makademiya ndi zitsekerero za mabotolo. Msewu unali timiyala toyera, mlatho unali lula yanga yothyoka. Pakati pa mzinda tinaika kapu yosweka chogwirira, ndipo imeneyo inali nyumba ya mwalawo. Mng'ono wanga ndi amene anaupatsa ulemu. Anati chinthu chimene chatuluka pansi pa nthaka ndi chachikulu kuposa ababa, sitingamachinene kuti iwe. Kuyambira tsiku limenelo anakhala aMwala.

Nkhani zake ndinkapeka ndine, pang'onopang'ono, pofuna kuti mwanayo asalire njala. Ndinamuuza kuti aMwala ali ndi moyo, koma amaganiza mochedwa kwambiri, chifukwa kwa iwo chaka chili ngati kuphethira. Alibe maso, alibe pakamwa. Anthu amawadziwa ndi fungo. Akafuna kuyankha amayankha ndi thupi lawo: ukawafumbata n'kufunda, avomera, akakhalabe ozizira, akana. M'dziko la pansi pa masamba dzuwa silituluka palokha. AMwala ndi amene amalavula tsiku limodzi m'mawa uliwonse, madzulo n'kulimezanso. Timizere toyera tam'kati tija ndi masiku onse amene anameza, palibe limene linatayika.

Anthu a mumzindawo anali aang'ono ngati nyemba, ndipo tsiku lililonse ankafola pakhomo pa kapu ndi madandaulo awo. Mayi wina ndiwo zapserera, akufuna m'mawa ubwerere. Bambo wina wachedwa kusikelo ndi dengu lake la tiyi, akufuna masana atalikeko. Ana ankapempha kuti mwezi wa njala ufupike. AMwala anali aukali pang'ono ngati kapitawo, ambiri ankawabweza. Koma ankamva chisoni, ndipo akamva chisoni ankachita thukuta. Chinthu chimodzi chokha ndi chimene anthu a mumzindawo ankachiopa, ndipo aMwala analibe nacho mphamvu. Pakapita zaka zingapo kumabwera chimpeni chachikulu kuchokera kumwamba n'kudula thambo lonse. Nditanena zimenezi mng'ono wanga anaseka mpaka kugubuduka.

"Amenewo ndi ababa, achemwali. Ndikawauza asiye."

Tsiku lina anapempha aMwala kuti atalikitse Khirisimasi. Itadutsa anabwera akudandaula kuti yatha msanga ngati kale. Ndinamuuza kuti anaitalikitsa ndithu, koma iye anagona. Anavomera kuti n'zoona, anagonadi.

Mayi anamwalira mu Febuluwale. Sanadwale nthawi yaitali. Anayamba ndi mutu, kenako miyendo inatupa, kuchipatala anapitako n'kubwerako, n'kupitakonso osabwerako. Anali munthu wamphamvu, wodzaza dengu anzake asanafike theka, ndipo munthu wotere akamwalira mwadzidzidzi pamudzi sipalephera manong'onong'o. Ine ndinkawamva kumjigo, koma analibe mutu wogwira, ndipo anazilala okha.

Anthu a pamaliro atabalalika, mng'ono wanga anandikoka dzanja mpaka pansi pa tiyi. Anatulutsa aMwala m'kapu n'kundipatsa.

"Auzeni abweze."

Ndinawalandira. Ndiye ndinapeka lamulo latsopano. Ndinati aMwala amabweza tsiku limodzi lokha, ndipo wolifunayo alifotokoze lonse, kuyambira kudzuka mpaka kugona, osasiyako kanthu ngakhale kamodzi. Akaiwala kena kake, aMwala salizindikira tsikulo pakati pa masiku onse amene ali m'mimba mwawo.

Mng'ono wanga anasankha Loweruka limene mayi anatitengera ku Luchenza kukamugulira nsapato zake zoyamba pakaunjika. Amalume, mlongo wawo wa mayi, amapalasa njinga ya kabaza kumeneko, ndipo tsikulo anatikweza tonse atatu, mayi akukuwa pa chitunda chilichonse kuti atigwetsa. Mwanayo ankafumbata mwala ndi manja onse awiri, n'kutsinzina, n'kuyamba kufotokoza. Akamaliza ankatsegula maso n'kuyang'ana m'mizere, kufunafuna miyendo yokulungidwa ndi chiguduli.

"Waiwala china chake," ndinkatero.

"Chiyani?"

"Sindingakuuze. AMwala safuna zouzidwa."

Mawa lake ankabwera ndi china. Anakumbukira duku la mayi, lobiriwira lamaluwa achikasu. Anakumbukira chinangwa chokazinga chimene tinadya ndi mchere wa tsabola, ndi mayi wa mugolosale, wofunda kumutu mpaka m'khosi, amene anamupatsa switi n'kumufunsa ngati nsapatozo akakwatiwe nazo. Anakumbukira kuti nsapato yakumanzere inkamuluma. Pofika mu Epulo tsikulo ankalidziwa kuposa ine. Kenako anayamba kuikamo zinthu zimene sindikuzikumbukira, galu woyera, nyimbo imene mayi ankaimba panjinga, ndipo ndinalephera kusiyanitsa zimene zinachitikadi ndi zimene mtima wake unangowonjezera.

Nanenso ndinayesapo ndili ndekha. Ndimadziwa chifukwa chake mwala umafunda m'manja, funso limenelo ndinalikhoza pamayeso. Komabe ndinagwada pansi pa tiyi n'kufotokoza tsiku langa, lina, limene mayi ankandiluka tsitsi pakhonde. Mwala unafunda. Ndinadikira. Kunangodutsa mphepo.

Kuno kwathu mwamuna amakhala kwawo kwa mkazi. Nyumba ino anamanga ndi bambo, njerwa anaumba okha, malata anakhoma okha, koma dothi limene yakhalapo ndi la kwa mayi, ndi munda womwe. Mkazi akamwalira, akuchikazi amamusudzula mwamunayo, kumumasula kuti abwerere kwawo. Ana amatsala, chifukwa ana ndi mbumba ya amalume. Kwawo kwa bambo ndi kwa Changata, kumapiri uko, kumene ine ndinapitako ndili wamng'ono ndipo sindikukumbukirako bwino. Ntchito yodulira tiyi imatha mvula isanabwere, ndipo munthu wopanda munda sangakhale kuno. Achibale anadikira kukolola kuti papezeke chimanga cha thobwa, ndipo anagwirizana kuti mwambowo uchitike Loweruka likubwerali.

Ine sindinkaopa, chifukwa ndinamva ndi makutu anga zimene amalume ananena. Anali pa bawo ndi bambo pansi pa mtengo wa mapeyala, ine ndikuwapatsira madzi.

"Alamu, mwambo tichita kuti akuluakulu asatinene, koma inu musamange katundu. Uyu alembe kaye Fomu 4, wamng'onoyo akuleko. Komanso mukapita ndizimudya ndani pa bawo?"

"Mwayamba liti kundidya inuyo?" anatero bambo, osadzutsa mutu. Koma nkhomo zina za bawo zinawapulumuka n'kugwera pansi.

Mng'ono wanga panalibe. Iye anangomva kwa ana a mayi aang'ono kuti ababa ako akupita Loweruka. Ndinamuuza kuti sakupita, amalume alonjeza. Anandiyang'ana nthawi yaitali.

"Munanenanso kuti amayi achira."

Sabata yatha ndikutsuka mbale anabwera n'kunjuta pafupi nane.

"Achemwali, ngati kubweza kukuwakanika, kuimitsa angathe?"

"Angathe."

"Atani?"

"Agone pakhomo pa nyumba, adziwe fungo la anthu onse a m'nyumbamo. Akatero masiku azingodutsa kunja, osalowa."

Ndinayankha maso ali pampoto. Pofika poyanika mbale pathandala ndinali nditaiwala kale.

Dzulo amayi a pamudzi anasonkhana kuno kukonza za thobwa. Mayi aang'ono anati khonde lathu lakumbika, alendo asadzatiseke, alizire ndi dothi latsopano. Ine ndinali nditangofika kuchokera kusukulu, chikwama chili kumsana. Akupala dothi lakale ndi khasu pakhomo penipeni, mayi aang'ono anatulutsa kamtolo kakang'ono komanga ndi ulusi wakuda. Nsaluyo ndinaizindikira asanamasule. Inali yobiriwira, yamaluwa achikasu.

Anamasula pang'onopang'ono n'kuyala pansi. Munali mwala uja. Munali batani la ovolosi ya bambo. Munali tsitsi langa, limene limatsalira m'chipeso. Munalinso dzino laling'ono loyera, limene linaguluka sabata yatha, ndipo tonse tinkayesa kuti mwini wake analiponya padenga monga amachitira ana onse.

Mayi aang'ono sanakuwe. Anakhala pansi, miyendo tambalale, n'kuitana anzawo motsitsa mawu.

"Tabwerani mudzaone amene tikudya nawo mbale imodzi pamudzi pano."

Anatuma munthu kukaitana amalume. Bambo anafika kuchokera kuntchito, mpeni wawo uli wokulunga m'chiguduli, n'kupeza anthu atazungulira khomo lawo. Mng'ono wanga anatulukira kuchokera kosewera akuthamanga. Mayi aang'ono anamugwira chibwano, kumutsegula pakamwa, n'kuyang'ana pamene panaguluka dzino. Kenako anayang'ana dzino lili pansalu.

"Mkulu wanga wapita. Wotsatira ndi uyu."

Mwanayo ataona mwala nkhope yake inasintha. Analoza ndi chala.

"Amenewo ndi aMw..."

"Iwe, kalowe m'nyumba."

Mawu amenewo sindinawamvepo m'kamwa mwa bambo chibadwire. Mwanayo anathawira m'nyumba akulira. Bambo anaika mpeni pansi.

"Ndi zanga izo. Ndinakwirira ndine. N'zoteteza nyumba."

"Alamu, inuyo?" anatero amalume. "Amene mumaima kutsogolo m'kwaya Lamulungu lililonse?"

"Ineyo."

"Anakupatsani ndani?"

"Sindingamutchule."

"Duku la mlongo wanga, alamu. Dzino la mwana."

Ine ndinatsegula pakamwa, koma bambo anandiyang'ana, ndipo ndinatseka. Amalume anamanganso kamtolo kaja n'kukaika m'thumba la jekete yawo. Analankhula akuyang'ana pansi.

"Loweruka mwambo ukatha, mudzanyamuke tsiku lomwelo. Njinga ndidzakukwezani ndine mpaka pasiteji."

Mayi aang'ono analowa m'nyumba n'kutuluka ndi mng'ono wanga, bulangeti lake lili paphewa. Sindikuwada. Ndi iwo amene ankawasambitsa mayi m'chipatala, ndipo dzulo maso awo anali ofiira. Iwo akudziwa kuti akupulumutsa mwana.

Lero, anzanga onse atadutsa, ndinavula yunifolomu n'kutsatira bambo kumunda. Odulira anayambira kumtunda, kumsewu wa mathirakitala, ndipo akutsika cha kuno kumudzi. Kumene adutsa kale sikuoneka ngati tiyi. Kwatsala timitengo totuwa tofika m'mawondo, mizere ndi mizere, ngati mafupa, ndipo nthambi zodulidwa aziunjika pamwamba pake kuti zitsa zisapse ndi dzuwa. Nkhungu inali itatsika moti anthu ndinkangowamva mipeni. Bambo ndinawapeza atakhala kumapeto kwa mzere, akudya chinangwa chophika. Kapitawo anandiyang'ana, koma nkhani yamufika kale, anangotembenuka.

"Sukulu atsekera?" anandifunsa bambo.

"Ababa, bwanji simunangonena zoona?"

Anandinyemera chinangwa. Ndinakana. Anachigwirabe mpaka ndinalandira.

"Zoona zake ziti, mayi? Zoti mwana amene mano sanathe n'kuguluka komwe anang'amba duku la malemu, n'kutola tsitsi la mkulu wake, n'kukwirira pakhomo? Zoti amalankhula ndi mwala, mwalawo n'kumamuyankha?"

"Ndi masewera."

"Iwe ndi ine tikudziwa. Ukumukumbukira mwana uja wa kutsidya kwa mtsinje?"

Ndikumukumbukira. Anali m'kalasi imodzi ndi mng'ono wanga. Anauza anzake kuti analota akuuluka, ndipo nkhaniyo inakula mpaka akuluakulu anati waphunzitsidwa ufiti. Kumjigo kunalibe womusenzetsa ndowa. M'kalasi ankakhala yekha pabenchi. Anasiya sukulu, ndipo mayi ake anasamuka naye, sitidziwa kuti ali kuti.

"Ine pano ndine mlendo," anatero bambo. "Mkamwini ndi mlendo ngakhale amere imvi. Ndipita ndi mbiri yangayo kwathu, pokafika kumeneko idzakhala itatopa ndi zitunda. Inu mutsala pano. Muzitunga pamjigo womwewo."

"Amalume angamvetse."

"Amalume ako ndi munthu wabwino. Koma ali ndi makutu awiri, ndipo mudzi wonse ukulankhuliramo."

Anapukuta mpeni ndi masamba. Kenako anamwetulira pang'ono, akuyang'ana kumunsi kumene tiyi akadali wobiriwira.

"Mzinda wanu uja ndimaudziwa. Ndinauona chaka chatha pothira feteleza. Mlatho wa lula ija imene unati yabedwa kusukulu."

Ndinafuna kuseka, koma m'malo mwake misozi ndi imene inabwera.

"Mawa chakum'mawa tikhala tafika pamenepo," anatero. "Ndapempha kapitawo kuti mzere umenewo ukhale wanga. Ndidzaunjikapo nthambi bwinobwino. Pofika nthawi ya mvula chiswe chidzakhala chitamaliza. Palibe adzaone kuti ana anga ankasewera ndi chiyani. Iwe pita kusukulu. Pakamwa utseke."

Pobwerera sindinadzere kumsewu. Ndinatsika ndi mzere wa bulugama, n'kugwada, n'kukwawira pansi pa tiyi. Ndakula, nthambi zinkandikola tsitsi. Mzindawo ulipobe. Mng'ono wanga anasesa msewu, masamba ouma anawakankhira pambali. Kapu ili yopanda kanthu. Patsogolo pake ndinapeza zimene sindinazionepo: zidole zinayi zadothi, zitafola monga amafolera anthu a mumzindawo pobwera ndi madandaulo. Chachitali, chapakati, chaching'ono chopanda dzino, pakamwa pake anapaboola ndi kamtengo. Chachinayi anachimanga kumutu kansalu kobiriwira kamaluwa achikasu, kong'ambidwa pa duku lomwe lija.

Ndinagona chafufumimba pamenepo nthawi yaitali. Kumtunda mipeni inkamveka, ikuyandikira. Chimpeni chodula thambo ndinachipeka ndine, ndipo mwanayo ananena zoona, ndi ababa.

Masana ndinadutsira kwa mayi aang'ono ngati ndikukabwereka lichero. Mng'ono wanga anali kuseri kwa khitchini akusenda nandolo. Anayang'ana uku ndi uku, n'kundinong'oneza.

"Achemwali, aMwala akupuma bwanji m'thumba mwa amalume? Mumanunkha thukuta."

"Akupuma."

"Anangotsala pang'ono. Akanawasiya mpaka Loweruka zikanatheka." Anasenda nandolo wina. "Ababa andikwiyira?"

"Ayi."

"Nanga anandikalipiranji?"

"Anatopa kuntchito."

"Ndiye kumzinda kwachitika chiyani, aMwala atabedwa?"

Zaka zonsezi sindinasowepo yankho la funso limenelo. Lero ndinayang'ana m'mutu mwanga, munali mbee ngati munda wodulira. Mayi aang'ono anamuitana, ndipo anapita akutembenuka, kudikira kuti mwina ndinena kanthu.

Ndabwerera m'nyumba muno. Bambo aika kale malaya awo awiri ndi buku la nyimbo pamwamba pa chikwama, sanatseke. Pakhomo dzenje lija likadali pomwepo, palibe amene wamaliza kuzira. Ndikuganiza za chaka chamawa. Ndidzakhala kwa mayi aang'ono, m'nyumba yodzaza kale, ndikumva tsiku ndi tsiku kuti bambo anga anadya mayi anga. Mng'ono wanga adzakula akumva zomwezo, ndipo tsiku lina adzazindikira chimene anakwirira pakhomo ndi chimene chinatsatira. Bambo akuganiza kuti akumuteteza, ndipo mwina akumutetezadi. Koma adzasenza yekha mtolo umenewo, popanda womuuza kuti anali masewera. Akanakhala amoyo aMwala, sindikanapemphanso tsiku la ku Luchenza kapena la kuluka tsitsi. Ndikanapempha Lachiwiri lapitali, tsiku wamba, lopanda chilichonse chokumbukira, bambo akunola mpeni, mwana akugona pambali panga.

Koma mwala ndi mwala. Uli m'jekete ya amalume, ndipo Loweruka likubwera monga amabwerera masiku onse.

Ndakumbukira chinthu chimodzi. Mayi ankakonda kunena kuti ali ana, pamasanje amalume ndi amene ankakhala fisi. Ankabisala m'tchire, atsikana akaphika n'kutulukira akukwawa, kulanda miphika, kenako n'kudwala m'mimba chifukwa cha ndiwo zosapsa. Mayi akamanena, amalume ankakana, akuseka mpaka kutsokomola. Munthu amene anakwawapo m'tchire ngati fisi ayenera kudziwa zidole zadothi akaziona.

Amalume amanyamuka m'mamawa kupita ku Luchenza, ndipo njira yawo imadutsa pamzere wa bulugama. Mawa ndikawadikira pamenepo, odulira asanatsike. Ndikawapempha kuti atsamiritse njinga pamtengo, agwade, alowe nane pansi pa tiyi. Ndikawaonetsa msewu, mlatho ndi zidole. Ndikawapempha atulutse kamtolo kaja, ayerekeze nsaluyo ndi ya kumutu kwa chidole, aike mwala m'kapu mwake. Ndikawafotokozera zonse, kuyambira pa wotchi ya aphunzitsi mpaka pa fungo la anthu a m'nyumba. Ndikanena kuti wokwirira pakhomo ndine, ndipo dzino ndinalitola ndine. Za mng'ono wanga sizituluka m'kamwa mwanga.

Mwina akana kugwada, munthu wamkulu wovala jekete. Mwina aona, akhulupirira, koma n'kuopabe mayi aang'ono ndi mudzi. Mwina dzina limene bambo akuliopa ligwera ine, ndipo kumjigo ndizidzisenzetsa ndekha. Bambo akwiya, zimenezo ndikudziwa. Sindikuona njira ina, ndipo mawa dzuwa likangofika masana ngakhale imeneyi idzakhala pansi pa nthambi.

Ndapinda kale thumba lakale la feteleza n'kuliika pafupi ndi chitseko, loti amalume akagwadire, asadetse buluku.